Ndili ndi Loweruka limodzi ku Hanoi: ndipite ku Ninh Binh kapena ku Bat Trang?

NaMwale

Moni nonse apagulu. Ndili ku Hanoi, likulu la dziko la Vietnam, tabwera ku maphunziro a kuntchito, ndipo atiuza kuti Loweruka likubwerali ndi lathu, aliyense aone kolowera. Kuhotela kuno aunjika timapepala ta maulendo a tsiku limodzi okhala ndi woperekeza alendo. Awiri ndiwo andigwira mtima. Woyamba ndi wa ku Ninh Binh, alembapo Hoa Lu, Tam Coc ndi Mua, kunyamuka m'mawa kubwerako madzulo. Winawo ndi wa ku Bat Trang, mudzi wa oumba mbale ndi miphika, theka la tsiku basi. Ine singano ndi ulusi ndakula nazo, ndiye chimene mtima wanga ukufuna n'kuona manja a anthu ali pantchito, osati kungogula zinthu zothaitha m'sitolo. Komanso mapiri amene ali pachithunzi cha Ninh Binh sakundichoka m'maso. Amene munafikako, ndigawireni nzeru.

Chisale wa ku Tay Ho

Takulandirani achemwali. Mwabwera nthawi yabwino, chifukwa kumapeto kwa Meyi mpaka kumayambiriro kwa Juni ndi pamene mpunga wa ku Tam Coc umacha, dambo lonse kusanduka lachikasu.

Ine ndimaphunzitsa konkuno, ndipo alendo akandipeza ndimawapititsa kumeneko. Ninh Binh ili kumwera kwa Hanoi, makilomita opitirira 90, maola awiri pagalimoto. Basi imayamba yazungulira mahotela a ku Old Quarter, dera lakale la pakati pa Hanoi, kutola anthu cha m'ma 7 koloko. Mukafika mumayamba ndi akachisi awiri a ku Hoa Lu, kenako nkhomaliro, kenako boti pamtsinje wa Ngo Dong ku Tam Coc, mwina kupalasako njinga pang'ono m'mphepete mwa minda, n'kumalizira kukwera masitepe pafupifupi 500 a phiri la Mua. Ku Hanoi mumalowa kutada.

Koma poti mwati mukufuna kuona manja ali pantchito, ndisakubisireni. Pa ulendo wa basi yaikulu, zaluso mumaziona pamalo amodzi okha: pomwe basi imaima panjira kuti anthu adzithandize. Pamakhala sitolo yaikulu ya nsalu zopeta ndi zithunzi, mitengo yake yolumphira kumwamba. Chimene chimandiwawa n'chakuti doko lomwe mumakwerera boti ku Tam Coc lili m'mudzi wa Van Lam, mudzi womwe unatchuka ndi kupeta nsalu. Anthu amatsika basi, kukwera boti, kutsika boti, kukweranso basi, n'kubwerera ku Hanoi osadziwa kuti mapazi awo anaponda m'mudzi wotero. Mukapita ku Ninh Binh, nkhani yonse yagona pa kukambirana ndi woperekezayo musanalipire.

Bambo a Yamikani

Mayi NaMwale, ndiloleni ndiikepo mbali ya mbiri yakale, popeza ndi phunziro lomwe ndinaphunzitsa mpaka kupuma pantchito. Mukamva izi, akachisi a ku Hoa Lu simukawaona ngati nyumba wamba zofukiziramo lubani.

Kumpoto kwa Vietnam kunakhala pansi pa ulamuliro wa China zaka pafupifupi 1,000, mpaka pomwe Ngo Quyen anagonjetsa adani pamtsinje wa Bach Dang m'chaka cha 938. Iye atamwalira mu 944 dziko linang'ambika, akuluakulu ankhondo 12 aliyense kugwira chigawo chake. Amene anawagonjetsa n'kulumikiza dziko ndi Dinh Bo Linh, mwana wa m'dera lomwelo la Ninh Binh. Anthu akumeneko amasimba kuti ali mnyamata woweta njati ankasonkhanitsa anzake kubusa n'kumasewera nkhondo, mbendera zawo zili maluwa a bango. Mu 968 anadzozedwa ufumu, dziko analitcha Dai Co Viet, likulu n'kuliika ku Hoa Lu.

Anasankhiranji malo opanikizika chonchija? Yankho lake ndi mapiri omwe akukukopani pachithunziwo. Ndi mapiri a mwala wa laimu, oima njo, ndipo anali linga lopangidwa kale. Mfumu inangotseka mipata ya pakati pa phiri ndi phiri ndi makoma a dothi ndi njerwa. Mitsinje yodutsa pansi pa mapiri inali njira zomwe eni dera okha ankazidziwa. Ndiye kumeneko kukongola kwa malo ndi mbiri yake simungazilekanitse.

Mu 979 mfumuyo inaphedwa pamodzi ndi mwana wake wamkulu Dinh Lien. Pampando panatsala kamnyamata ka zaka zisanu ndi chimodzi, Dinh Toan, uku asilikali a ufumu wa Song wa ku China akukonzekera kudzalanda dziko. Mayi wa mwanayo, mfumukazi Duong Van Nga, anatenga mkanjo waufumu n'kuveka mkulu wa asilikali, Le Hoan. Le Hoan anagonjetsa a Song mu 981, ndipo pambuyo pake anakwatira mfumukaziyo. Kachisi woyamba ndi wa mfumu Dinh, wachiwiri ndi wa mfumu Le, ndipo chiboliboli cha mayiyu muchipeza mwa Le.

Hoa Lu inakhala likulu zaka 42 zokha. Mu 1010 mfumu Ly Thai To inasamutsira likulu ku Thang Long, komwe ndi ku Hanoi komwe muliko. Dziko litakhazikika, linga silinkafunikanso kwenikweni, chinkafunika ndi chigwa chotakasuka cha ulimi ndi malonda. Musakayembekezere kuona nyumba zachifumu za nthawi imeneyo, zinagwa kalekale. Akachisi omwe alipo lero anamangidwanso m'zaka za m'ma 1600.

Thoko wa ku Joni

Zikomo adada, apa mwatilowetsa m'kalasi ndithu. Koma mayiyo anachita bwino? Mpando wa mwana wake yemwe kuupereka kwa munthu wina, kenako n'kukwatiwa naye?

Bambo a Yamikani

Funso limenelo eni dziko akhala akulimbana nalo zaka mazanamazana, mwana wanga. Olemba mbiri a m'zaka za m'ma 1400 anadzudzula kwambiri ukwati umenewo. Ambiri masiku ano amamulemekeza kuti anaika dziko patsogolo pa banja. Ine ndimaima ndi achiwiriwa. Mwana wa zaka zisanu ndi chimodzi sakanatsogolera asilikali, ndipo a Song akanapambana, mpandowo sukanakhalaponso n'komwe. Komanso mwanayo sanaphedwe, anakula, anadzafera kunkhondo ali wamkulu.

Nasibeko

Nane ndili kumbali ya mayiyo. Anthu amafulumira kuweruza mkazi wamasiye, osafunsa kuti akanakana, iye ndi mwanayo akanagona tulo masiku angati pakati pa asilikali omwe anali atasankha kale mtsogoleri wawo.

Anaphiri a ku Leeds

Ine ndibwerere ku nkhani ya boti, chifukwa ndinapitako ndi bambo akunyumba ndipo pali chomwe chinandikhumudwitsa. Malo ndi okongola, zimenezo sinditsutsa. Mtsinje umadutsa pansi pa mapiri katatu, mbali zonse kuli mpunga. Koma mukafika kumapeto komwe boti limatembenukira, mumapeza timaboti ta ogulitsa tikukudikirani. Anatizinga ndi zakumwa ndi zipatso, n'kumaloza mayi amene ankatipalasa uja kuti mugulireni, watopa. Ukana bwanji munthu akutuluka thukuta pamaso pako? Tinagula. Pobwerera, pakati pa mtsinje penipeni, mayi uja anasiya kupalasa, n'kutsegula bokosi lachitsulo, kutulutsa nsalu zopeta imodziimodzi. Tili m'madzi, kothawira kulibe. Titafika padoko anatambasulanso dzanja. Ndinatsika mtima uli wolemera, kukongola konse kuja kutaphimbika.

NaMwale, ngati mukupita ku Ninh Binh sankhani ulendo wolembedwa Trang An, malo ena okwerera boti m'dera lomwelo, m'malo mwa Tam Coc. Anzathu omwe tinali nawo kuhotela anapita kumeneko, boti la anthu anayi, maola pafupifupi atatu, mapanga ambiri, popanda wokugulitsa kanthu pamadzi.

Chisale wa ku Tay Ho

Anaphiri, zomwe mwanenazo n'zoona, zimachitika, ndipo si inu nokha amene munadandaulapo. Trang An ndi yadongosolo, ndi yaikulu, ndipo dera lonselo, kuphatikizapo Hoa Lu ndi Tam Coc, linalowa m'kaundula wa UNESCO wa malo ofunika padziko lonse mu 2014 pa dzina lomwelo la Trang An. M'mapanga akumeneko ofukula zakale anapezamo zizindikiro zakuti anthu akhalamo kwa zaka zoposa 30,000. Amene akufuna mapanga ndi bata, apite kumeneko.

Koma ndilankhuleko m'malo mwa mayi wopalasayo. Opalasa a ku Tam Coc ndi anthu a m'midzi yomweyo. Maboti ali ndi manambala, ndipo amanyamula alendo motsata mzere. Alendo akachepa, munthu amatha masiku nambala yake isanafike. Minda ija mukuiona m'mphepete mwa Ngo Dong amakolola kamodzi kokha pachaka, miyezi ina yonse imakhala pansi pa madzi. Ndiye tsiku lomwe wanyamula mlendo amafuna lipindule mbali zonse. Sindikuti kuzinga munthu pakati pa mtsinje n'kwabwino. Ndikungoti kumbuyo kwa bokosi lachitsulo lija kuli khomo lomwe likudikira.

Ine ndimachita chonchi: ogulitsa zakumwa aja ndimawakana mwaulemu, kupukusa mutu ndi kumwetulira n'kokwanira. Kangachepe kothokoza ndimakonzeratu m'thumba, ndipo ndimapatsa wopalasayo m'manja mwake tikafika padoko. Motero ndalama imapita kwa amene wagwira ntchito.

Ndipo kwa munthu wa singano ngati achemwaliwa, Tam Coc ndiye koyenera, chifukwa Van Lam ili pomwepo. Ku Trang An sakaiona.

Anaphiri a ku Leeds

Ndamva achimwene, ndipo za mzere wa manambalazo zandifika pamtima. Komabe woperekeza wathu akanatichenjeza tili m'basi. Ntchito yake ndi imeneyo. Iye anangotikweza m'boti n'kutsalira pamthunzi.

Thoko wa ku Joni

Pepani ndifunse. Ndinaona kanema pa Facebook mayi akupalasa boti ndi mapazi. Ndi komweko? Ndipo ife osadziwa kusambira tingalimbe mtima?

Chisale wa ku Tay Ho

Ndi komweko Thoko. Madzi ake ndi odekha, opanda mafunde, malo ambiri si akuya, ndipo pali majekete oyandamitsa. Uzivala basi. Nthawi yovuta ndi ya mvula yamphamvu, cha mu Ogasiti ndi Seputembala, pomwe madzi amatha kukwera mpaka maboti kulephera kulowa m'mapanga.

Gama wa ku Dedza

Nonse mwathamangira ku Ninh Binh, ndiye ine ndiimire Bat Trang. Mayi, ngati nkhani ndi kuona luso, mudzi umenewu sungakukhumudwitseni. Uli m'mphepete mwa mtsinje wa Red River, makilomita osakwana 15 kuchokera pakati pa Hanoi, ndipo akhala akuumba kumeneko kwa zaka mazana ambiri. Khomo ndi khomo kuli ntchito. Apa wina akuzunguza gudumu loumbira, apo wina akuthira dongo lamadzimadzi m'zikombole, uko atsikana akhala pamzere ndi timaburashi akujambula maluwa ndi nsomba pambale zosawotcha. Chinandidabwitsa n'chakuti utoto womwe amajambulira umaoneka wotuwa, koma mbale ikatuluka mu uvuni umasanduka wabuluu wowala. Dzanja la mtsikana silinjenjemera, mzere umodzi tsamba latha.

M'tinjira topapatiza ta mudzi wakale mungaonebe makoma akuda, pomwe ankamatapo zibuma za malasha osakaniza ndi matope kuti ziume, zowotchera mbiya. Masiku ano ambiri anasamukira ku mauvuni a gasi, utsi unachepa ndipo mbale zosweka powotcha zinachepanso. Mukhozanso kulipira pang'ono n'kukhala pagudumu nokha, kuumba kambale kanu.

Bambo a Yamikani, mukondwa kumva kuti eni mudzi amati makolo awo anachokera ku Bo Bat, ku Ninh Binh konko, ndipo anatsatira mfumu likulu litasamukira ku Thang Long, kufuna dongo loyera ndi msika.

Bambo a Yamikani

Zikomo a Gama. Zikumveka ndithu. Likulu likasamuka, amisiri amalondola komwe kwapita ogula.

Chisale wa ku Tay Ho

A Gama sakunama, Bat Trang ndi yabwino. Koma kuyandikira kwake komweko ndi chifukwa chake sindingaiperekere Loweruka. Kumeneko munthu umapita wekha, basi ya mumzinda imanyamukira pasiteshoni ya Long Bien mu Hanoi momwemo mpaka kukakutsitsa pamsika wa mbale. Tsiku lomwe maphunziro atha msanga, masana amodzi akwana. Ninh Binh ndiye imafuna tsiku lathunthu ndi munthu wodziwa chinenero, makamaka ngati mukufuna kulowa pakhomo pa munthu.

Achemwali, chitani izi. Funani ulendo wa kagulu kochepa, kapena mupeze anzanu awiri atatu a kumaphunziroko musonkherane galimoto yanuyanu ndi woperekeza. Muuzeni mosapita m'mbali kuti mukufuna ola limodzi m'nyumba yopetera nsalu ku Van Lam, osati m'timasitolo ta padoko. Tsiku ndi lalifupi, ndiye china chiyenera kutsala. Ine ndikanasiya Mua. Pamwamba pake pamaoneka bwino zedi, mtsinje wonse uli pansi panu, koma kutentha kwa mwezi uno kumapitirira madigiri 35, ndipo masitepe aja mukawakwera mutatopa kale.

Zina zazing'ono. Kukachisi valani zobisa mapewa ndi mawondo. Tengani chipewa kapena ambulera, paboti palibe mthunzi. Ndalama zawo muziyang'anitsitsa: pepala la 20,000 dong ndi la 500,000 dong onse ndi abuluu, ndipo munthu wachilendo amawasokoneza mosavuta.

Nasibeko

Ine Mua sindingasiye. Munthu wauluka mtunda wonsewo, osakaona pamwamba? Nsalu zilipo paliponse.

NaMwale

Amayi Nasibeko, nsalu zilipodi paliponse, koma mapetedwe a ku Van Lam ndikufuna ndiwaone ndi maso anga akuchitika. Ndalankhula ndi anzanga awiri, mmodzi wa ku Zambia wina wa ku Ghana, tagwirizana kusonkherana. Woperekeza wavomera za Van Lam, wati ali ndi banja lomwe amalidziwa. Ndidzakuuzani ndikabwerako. Zikomo nonse.

NaMwale

Abale, ndabwerako, ndipo ndikhale pansi ndikufotokozereni bwinobwino.

Ku Hoa Lu tinafika dzuwa lisanakwere kwambiri. Bambo a Yamikani, mawu anu ndinayenda nawo. Nditaima pabwalo n'kutembenuka, mbali zonse mapiri atatizungulira, ndinamvetsa za linga zija popanda wondifotokozera. Pabwalo la kachisi wa mfumu Dinh pali mwala waukulu wosemedwa ngati kama, pamwamba pake chinjoka chodzipinda. Mkati ndi mwamdima, mizati yamatabwa yofiira, fungo la lubani, anthu akuwerama ndi manja ophatikiza. Sanali alendo ojambula zithunzi okha, ena anabwera ndi zipatso kudzapereka ulemu kwa mfumu yomwe inamwalira zaka zoposa 1,000 zapitazo. M'kachisi wa Le woperekeza anatisonyeza Duong Van Nga. Anati anthu amasimba kuti chibolibolicho poyamba chinali m'kachisi wa mwamuna woyamba, kenako anachisamutsa, koma anachikhazika moyang'ana komwe chinachokera. Ndinaima pamenepo nthawi ndithu.

Nkhomaliro inali nyama yambuzi, yomwe kumeneko amanyadira nayo chifukwa mbuzi zake zimadya m'mapiri, ndi nkhoko za mpunga. Amaziumitsa, kuzikazinga m'mafuta mpaka kufufuma, n'kuthirapo msuzi. Zimalira khurr m'kamwa.

Tsono boti. Amene anatipalasa ndi mayi wachikulire, wocheperapo thupi. Anakhala kumbuyo, kutsamira kampando, nkhope kuyang'ana komwe tikupita, mapazi onse awiri pazigwiriro za nkhafi. Amakankha ndi chidendene, n'kukokanso ndi zala zakuphazi, ndipo nkhafi ikamatuluka m'madzi phazi limaipotoza pang'ono kuti ilowenso mopendekeka. Manja ali pa ambulera. Pokhota, phazi limodzi limaima, linalo n'kumagwira ntchito. Ndinamuyang'ana kwambiri kuposa mapiri. Woperekeza anati msana ndi mapewa sizingapirire maola awiri tsiku ndi tsiku, miyendo ndiyo yamphamvu.

Mpunga unali utacha monga munanenera achimwene Chisale. Tinadutsa anthu akumweta ali m'madzi ofika m'chiuno, mitolo akuiponya m'boti lomwe akulikoka pambali. Phanga loyamba, Hang Ca, ndi lalitali mamita 127. Ukalowa kutentha konse kumatha nthawi yomweyo, denga lili pafupi ndi mutu, madontho akugwera pakhosi. Anaphiri, ogulitsa aja tinawapeza pomwe munanena. Tinakana, sanalimbikire. Bokosi nalo linatsegulidwa pobwerera. Ndinatenga nsalu ziwiri n'kuzitembenuza kumbuyo. Imodzi inali ya makina. Inayo inali ya manja, ndipo nditamuloza iye n'kuloza nsaluyo, anagwedeza mutu n'kuseka. Ndinagula imeneyo.

Koma mtima wanga wonse unatsalira ku Van Lam. Tinalowa kanjira kuseri kwa masitolo a padoko mpaka pakhomo lina. Pakhonde panali felemu yamatabwa yaitali, nsalu yoyera ya patebulo itakokedwa nganganga, amayi anayi atakhala mozungulira, aliyense ndi chigawo chake. Kupeta kwa mitundu ndimakudziwa, koma uku ndi kwina. Amayamba ndi kuchotsa, osati kuwonjezera. Mayi amawerenga ulusi wa nsalu yeniyeniyo ndi nsonga ya singano, kutukula umodzi, kuudula ndi kasizasi kosongoka, n'kuusolola. Kusiya ingapo, kusololanso. Akatero mbali zonse ziwiri, pansalu pamatsala timawindo ngati sefa. Kenako ndi ulusi woyera amamanga ulusi wotsalawo m'timitolo, kuwiri kutatu, kupota, kulumikiza, mpaka m'mabowo muja mutatuluka maluwa ndi nyenyezi. Zoyera pa zoyera. Ukaiika padzuwa m'pamene umaona bwino. Ukasolola ulusi umodzi wolakwika, sungaubwezeretse, mzere wonse wapita.

Mayi wamkulu wa pakhomopo anandipatsa singano. Apa m'pamene ndinaona phindu la woperekeza, chifukwa mafunso anga onse anawatanthauzira, mayankho n'kubwera. Anati kupeta m'mudzimo amakuwerengera kuchokera nthawi ya mafumu a Tran, m'zaka za m'ma 1200, koma luso losolola ulusili linabwera kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1900, pomwe abale awiri a m'mudzimo anakaliphunzira ku Hanoi m'nthawi ya Afalansa n'kudzaphunzitsa anzawo. Nsalu yaikulu ngati yomwe inali pafelemuyo imawatengera masabata angapo onse anayi. Ndinafunsa za ana awo. Mayiyo anati ambiri amasankha ntchito ya kufakitale kapena m'nyumba zogona alendo, ndalama yake ndi yodziwika mwezi ukatha. Onse anayi anali ovala magalasi. Mmodzi mwa iwo anati nambala ya boti lake ifika mawa lake.

Ndinagula tinsalu ta patebulo. Sindinanenerere. Nditaona ndi maso anga kuti kona imodzi yokha imadya nthawi yotani, pakamwa sipakanatseguka kupempha kuti atsitse.

Chisale wa ku Tay Ho

Ndakondwa kwambiri achemwali. Mwaona zomwe anthu ambiri okhala konkuno sanazione. Amene adzapite mtsogolo n'kugona komweko, dziwani kuti dera limeneli lili ndi midzi ina ya zaluso. Ku Ninh Van ndi osema miyala, iwo ndi amene anasema ziboliboli 500 za pakachisi wa Bai Dinh. Ku Kim Son, kufupi ndi nyanja, amaluka mikeka ndi madengu ndi udzu wa m'dambo, ndipo komweko kuli tchalitchi cha Katolika cha Phat Diem, chomangidwa ndi miyala ndi matabwa kumapeto kwa zaka za m'ma 1800, madenga ake opindikira m'mwamba ngati a akachisi akumeneko. Zimenezi sizingalowe m'tsiku limodzi.

Anaphiri a ku Leeds

NaMwale, mwandipatsa maganizo. Nsalu yomwe ndinagula paboti ija ili m'kabati, sindinaiyalepo chifukwa imandikumbutsa kukakamizidwa. Ndingadziwe bwanji ngati ndi ya manja? Koma pa nkhani ya woperekeza ndikadali pomwepo. Wanu anagwira ntchito, wathu ayi, ndipo mlendo sangadziwe kuti wapeza wotani mpaka atalipira.

NaMwale

Pamenepo mukunena zoona amayi, n'chifukwa chake tinamufunsa mafunso tisanapereke ndalama: mulowa nafe m'kachisi? Ku Van Lam mutipititsa pakhomo pa ndani? Akamazungulira poyankha, funani wina.

Za nsaluyo, itembenuzeni. Ya makina kumbuyo kumaoneka ulusi wachiwiri wopyapyala, nthawi zambiri woyera, womwe umachokera m'bobini, ndipo pena pamatsalira kapepala kolimbitsira nsalu. Maluwa ake amafanana ndendende, kuika limodzi pa linzake palibe kusiyana. Ya manja kumbuyo n'kosalala pafupifupi ngati kutsogolo, nsonga za ulusi amazilowetsa pansi pa misoko, ndipo masamba awiri oyandikana amasiyanako pang'ono m'litali. Ngati ili ndi mabowo, yang'anani ngati akutsata mzere wa ulusi wa nsaluyo. Osolola ndi manja amayenda molunjika ndi ulusi, ndipo timitolo ta pakati pa mabowo ndi ulusi wa nsalu yomweyo. Oboola ndi makina amakhala pena paliponse, m'mphepete mwake mozunguliridwa ndi msoko wothinana.

Anaphiri a ku Leeds

Ndaitulutsa, ndaitembenuza. Bobini palibe, masamba ndi osiyana. Ndi ya manja.

Nasibeko

Ine ndikadapitabe ku Mua, koma ndavomera kuti simunataye tsiku. Ndifunse m'malo mwa amayi a gulu lathu losoka kumpingo. Luso losolola ulusilo tingaliyesere pansalu yanji? Chitenje chingatheke?

NaMwale

Chitenje ayi amayi, ulusi wake ndi wothinana kwambiri, ndipo maluwa osindikiza aja amabisa mizere, simungawerenge. Mufunika nsalu ya mtundu umodzi, yolukidwa mopingasa wamba, yomwe ulusi wake ukuoneka ndi maso mukaiika pawindo. Bafuta kapena thonje lokhuthalako ndiye zabwino. Zosakaniza ndi polyester muzipewe, ulusi wake umaterera ndipo timitolo sitigwira. Ichapeni kaye kuti ifupike isanapetedwe. Yambani ndi mzere umodzi m'mphepete mwa kansalu kakang'ono: sololani ulusi unayi kapena usanu mbali imodzi yokha, kenako mangani wotsalawo utatuutatu. Felemu ikhale yokoka zolimba, apo ayi mabowo amapindika. Kasizasi kakhale kosongoka kwenikweni, ndipo mugwire ntchitoyi masana pakhonde, osati usiku pa nyali. Ndinajambula manja a mayi uja pafupi akumanga timitolo, ndikutumizirani kanemayo kumbali kuti amayiwo aonere limodzi.